Nthawi yotsekedwa kumtunda imakasefukira kwa yani?

A Mkonzi,

Ndikupempha malo m'nyuzipepala yanu kuti ndilankhule ndi achinyamata athu amene ayamba kulemba nthano za maiko ongopeka, m'mene anthu ali ndi makina otha kuimitsa nthawi, kuibweza m'mbuyo kapena kuithamangitsa. Ine nthano zoterezi ndimazikonda, ndipo sindigwirizana ndi akuluakulu ena amene amati ndi zachibwana, pakuti makolo athu nawonso ankapeka maiko m'mene kalulu ankaweruza milandu, ndipo ana ankatolamo nzeru. Chimene chikundidetsa nkhawa ndi chakuti m'nthano zambiri makinawa amagwira ntchito mwaulere: munthu amangodina batani, dzulo n'kubwerera, wakufa n'kudzuka, popanda aliyense wolipira kanthu. Nthano yotere imatha isanayambe, chifukwa palibe chimene mwini nkhani angataye.

Ndikufuna kupereka chitsanzo cha makina amene mlembi wa kuno kuchigwa angawapeke bwino kuposa wina aliyense. Taganizani dziko limene nthawi imayenda m'khwawa, ndipo amisiri a mfumu amanga chipupa chokhala ndi zitseko, monga mmene Kamuzu Barrage ya ku Liwonde, yomangidwa mu 1965, imawongolera madzi a Shire opita ku makina amagetsi a ku Nkula, Tedzani ndi Kapichira. Zitseko zikatsekedwa, kumzinda wa mfumu dzuwa limachedwa kulowa, mfumu yodwala siimwalira, ndipo chimanga cha m'nkhokwe sichifumbwa. Koma nthawi yotsekedwayo siitha ayi. Imangounjikana, ndipo tsiku limene zitseko zatsegulidwa imakakhuthukira pa midzi ya kumunsi. Kumeneko zaka zisanu zimadutsa usiku umodzi. Mapira amamera, kucha ndi kuwolera m'munda mwini asanatenge chikwakwa, ng'ombe zimakalambira m'khola, ndipo mayi amene anagoneka khanda amadzutsa mwana wamkulu amene sanaphunzire kuyenda kapena kutchula dzina la mayi wake.

Ife a ku Chikwawa ndi Nsanje sitisowa wotifotokozera tanthauzo la kukhala kumunsi. Mvula imatha kugwa ku Mulanje ndi ku Thyolo kuno dzuwa likuswa mtengo, koma madzi ake amatsika ndi mtsinje wa Ruo, kukumana ndi Shire pa Chiromo, n'kutipeza m'nyumba usiku. Tinaziona mu Januwale 2015, pamene anthu a ku Makhanga anazunguliridwa ndi madzi, tinazionanso ndi namondwe wa Idai mu 2019, wa Ana mu 2022 amene anaononga damu la Kapichira, ndi wa Freddy mu Marichi 2023. Sindikhulupirira kuti alipo kholo limene linataya mwana m'madzi amenewo limene silinalakelake kubweza usiku umodzi wokha. N'chifukwa chake ndikuti nkhani ya makina obweza nthawi si yoseweretsa kwa ife, ndipo mlembi ayenera kuilemba ndi ulemu.

Ulemu umenewo ndi kufunsa mafunso ovuta m'kati mwa nthano momwemo. Bambo akabweza chaka cha chigumula kuti apulumutse mwana wake, nanga mwana wa mnansi wake amene anabadwa chigumula chitapita apita kuti? Madzi omwewo amene amagwetsa nyumba ndiwo amasiya dothi lachonde ndi chinyontho m'madimba, m'mene timakolola chimanga, mbatata ndi nyemba m'chilimwe, ndipo ichi ndi chimodzi mwa zifukwa zimene mabanja ena amakanira kusamukira kumtunda ngakhale boma liwapemphe. Wofafaniza chaka cha madzi wafafanizanso zokolola za m'dimba za chaka chimenecho, ndipo mudzi wonse uli ndi ufulu womufunsa kuti chilolezo anachitenga kwa yani.

Funso la wosunga kiyi wa zitseko nalonso lili ndi mizu kwathu kuno. Ku Khulubvi, m'boma la Nsanje, nkhani za mvula ndi kachisi wa Mbona sizinakhalepo za munthu mmodzi, koma zimayenda mwa mwambo, mafumu a Chimang'anja ndi osunga malowo aliyense ali ndi gawo lake. Sindikunena kuti malo opatulikawo alowetsedwe m'nthano zopeka, koma mlembi angaphunzirepo kuti mphamvu yokhudza moyo wa anthu onse imafuna malamulo, mboni ndi wotha kukana.

Pempho langa kwa inu, a Mkonzi, ndi lakuti mupatule tsamba, ngakhale kamodzi pa mwezi, la nthano zotere zolembedwa m'Chichewa ndi m'Chisena, ndipo pozisankha muzitsogoza zimene zikuonetsa bwino mtengo wa makinawo ndi anthu amene akuulipira.

Wowerenga wanu,
Bangula, Nsanje