Chilengezo: Loweruka lino tikambirana za Karel Absolon

Anzathu nonse a gulu lokonda mbiri yakale, tikumane Loweruka lino masana pamalo athu a nthawi zonse. Tidzakambirana za Karel Absolon, katswiri wa ku Czech wofufuza mapanga ndi zinthu zamakedzana, amene anabadwira ku Boskovice mu 1877 n'kumwalira ku Brno mu 1960.

Bamboyu anatengera agogo ake, Jindřich Wankel, mtima wokonda kulowa pansi pa nthaka. Ku Moravia, chigawo cha dziko la Czech, kuli chidzenje cha Macocha, chakuya mamita oposa 138. Absolon ndi anzake ankakwawa m'matope, nyali m'manja, mpaka mu 1914 anatsegula njira yochokera m'mapanga a Punkva kukatulukira pansi pa chidzenjecho. Pofika 1933 alendo ankayendamo pa maboti.

Koma chimene chimandigwira mtima ine ndi kachifanizo ka mayi kamene gulu lake linakumba m'phulusa ku Dolní Věstonice mu 1925. N'kadongo lootcha, kotalika masentimita 11 okha, kanapezeka katathyoka pawiri, ndipo kali ndi zaka zoposa 25,000. Tangoganizani, wina anakaumba ndi zala zake kalelo!

Ndidzabwera ndi zithunzi. Chonde fikani msanga, ndipo ana asukulu musawasiye kunyumba.