Za Gone with the Wind zija mwalemba theka

A Mkonzi,

Ndakhumudwa kwambiri ndi nkhani yomwe munatulutsa Loweruka lapitali patsamba la zamsangulutso. Mlembi wanu akuti Gone with the Wind ndi filimu yachikondi yoposa onse, aliyense akaonere ndi bwenzi lake basi. Nkhani yonse ija mawu oti ukapolo osapezekamo olo kamodzi, zoona zimenezi?

Ine filimuyi ndinaionera yonse, pafupifupi maola anayi osadzuka pampando, ndipo sindikukana kuti anaijambula mwaluso, Vivien Leigh, mayi amene anasewera mbali yaikulu, anagwira ntchito. Koma m'munda wa thonje wa pafamu ya Tara muja akuwerama ndi ndani? Si akapolo? Filimuyi imawaonetsa ngati anthu okhutira, okonda mabwana awo, osalabadira za ufulu, ndiye mwana wathu akaonera popanda womufotokozera azingoti ukapolo unali bwinobwino.

Chandiwawa kwambiri nchakuti mlembiyo wawerenga mphoto 8 za mafilimu za Oscar zomwe filimuyi inawina koma Hattie McDaniel osamutchula, mayi amene anasewera ngati Mammy, kapolo wogwira ntchito m'nyumba uja, munthu wakuda woyamba kulandira Oscar mu 1940. Tsiku lamwambolo ku Ambassador Hotel ku Los Angeles anamukhazika patebulo lakelake chakumbali, kutali ndi azungu omwe anasewera nawo. Poionetsa koyamba ku Atlanta mu Disembala 1939 anamusiya chifukwa cha malamulo atsankho. Ngakhale atamwalira mu 1952, manda a ku Hollywood komwe ankafuna kukagona anamukana kamba ka khungu. Munthu mpaka maliro ake kusalidwa, inu nkungodumpha ngati palibe chinachitika!

Eni ake ku America nkhaniyi saibisa. Mu Juni 2020, patangopita masiku George Floyd, munthu wakuda uja, ataphedwa ndi wapolisi, John Ridley yemwe analemba filimu ya 12 Years a Slave anadandaula m'nyuzipepala ya Los Angeles Times za Gone with the Wind, a HBO Max oonetsa mafilimu paintaneti anaichotsa kaye nkuibwezera patapita masabata awiri ili ndi mawu oyamba a pulofesa Jacqueline Stewart ofotokoza za ukapolowo. Nanga ife anthu akuda tikuitamanda chonchi osafunsa kanthu bwanji?

Vuto ndi lomweli la masamba azamsangulutso masiku ano, kungotola zapaintaneti nkumata, nyuzi ife tikugula ndi ndalama zathu.

Sindikuti anthu asaionere ayi. Muuzeni mlembiyo sabata yamawa alembe za Hattie McDaniel, patsamba lomwelo.

Wowerenga wanu,
Zomba