Chilengezo: tionera filimu yaifupi yokhudza kusungulumwa

Mamembala a gulu lathu la mafilimu,

Loweruka likubwerali, 2 koloko masana, tikumana mu holo yomwe timachitiramo zokonzekera pa Kasungu boma, kudzaonera filimu yaifupi yomwe anzathu atatu ajambula ndi foni.

Ndi ya mphindi 12 ndipo mulibe oyankhula. Ikuonetsa mnyamata wochokera kumudzi yemwe akuchita lendi kachipinda m'tauni. Masana ali pakati pa chikhamu cha anthu pa depoti, m'mbali mwa msewu wa M1, koma palibe womupatsa moni. Usiku akudya nsima yekha, maso ali pa foni, kudikira uthenga womwe sukubwera. Penapake kamera yangoima pa mbale yachiwiri yosagwiritsidwa ntchito kwa mphindi yathunthu. Ena mudzaona ngati ikuchedwa, koma ine pamenepo mpamene panandigwira mtima, ndipo ndikufuna tikakambirane tikatha kuonera.

Aliyense abwere ndi K2,000 ya mafuta a jenereta, poti magetsi akhoza kuzima. Tengani mpando wanu, mabenchi ndi ochepa. Amene muli ndi nsalu zakuda, tibwerekeni titchingire mawindo.

Yankhani pofika Lachinayi madzulo kuti tidziwe amene mubwere.

Mlembi wa gulu