Ntchito ya Xavier Dolan tiiyang'ane bwino

Akonzi,

Dzina la Xavier Dolan, wopanga mafilimu wa ku Montreal m'dziko la Canada, likatchulidwa, ambiri amathamangira kunena kuti ndi mwamuna wokonda amuna anzake. N'zoona, ndipo iye sabisa. Koma achinyamata ofuna kupanga mafilimu akusowa kumva mmene anayambira.

Anabadwa mu 1989, ndipo ali mwana ankasewera m'malonda a pa wailesi ya kanema, kenako n'kumalowetsa mawu a Chifalansa m'mafilimu a Chingelezi. Ndalama zimenezo anasunga. Nkhani ya filimu yake yoyamba, J'ai tué ma mère, anailemba ali ndi zaka 16, n'kuijambula ali ndi zaka 19 ndi ndalama za m'thumba mwake, iye mwini akutsogolera komanso kusewera ngati mnyamata wokangana ndi mayi ake. Mu 2009 filimuyo inapata mphoto zitatu pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, m'dziko la France.

Luso lake limaonekera bwino mu filimu ya Mommy ya mu 2014. Chithunzi anachipanikiza kuti m'litali ndi m'lifupi zikhale zofanana, moti woonera alibe kothawira koma pa nkhope ya munthu. Pena mnyamata wa m'nkhaniyo amatambasula manja, chithunzi n'kufutukuka. Sindiona njira ina yoonetsera mpumulo momveka chotero.

Anapunthwa pa The Death and Life of John F. Donovan ya mu 2018. Anajambula zochuluka mpaka filimu inapitirira maola anayi, ndipo poidula, gawo lonse la wosewera wotchuka Jessica Chastain linachotsedwa. Nkhani inatuluka yodukaduka, olemba nkhani za mafilimu anaidzudzula.

Mu 2022 anatembenukira ku wailesi ya kanema ndi sewero la zigawo zisanu.

Wowerenga wanu,
Zomba