Kwa mnzanga wa ku Brussels, za filimu yonunkha viniga ija

Mnzanga,

Kalata yako yafika. Ukuti Atomium, chinsanja cha ku Brussels chija, yakuthyola miyendo? Mamita 102 okha, chikepe chilimo, ndiye watopa ndi chiyani? Alamu ako aseka mpaka misozi.

Chandisowetsa tulo ndi filimu ya 16mm ya Expo 58, chionetsero cha maiko onse chomwe chinachitikira ku Brussels mu 1958, yomwe wagula pamsikayo. Wati ukatsegula chitini chake mukutuluka fungo la viniga. Chonde usayerekeze kuiyika m'pulojekita. Fungolo ndi asidi amene amatuluka acetate, pulasitiki yomwe filimuyo inapangidwira, ikayamba kuwonongeka ndi kutentha komanso chinyezi. Filimu imakhwinyata, timabowo ta m'mbali timayandikana, mano a makina salowanso m'malo mwake, ndiye amangoing'amba. Ikafupika kupitirira 1 peresenti, mankhwala ake ndi kuikopera pakompyuta ndi makina a sikana basi. Ichotse pakati pa zinzake, chifukwa mpweyawo umapatsira. Upeze timapepala toyezera asidi ta A-D Strips, uike kamodzi m'chitinimo, utseke tsiku lathunthu. Kakakhalabe kabuluu, pumula. Kakasanduka kobiriwira, matenda ayamba. Kachikasu ndiye maliro. Isunge pozizira ndi pouma, osati pamwamba pa chotenthetsera m'nyumba pomwe umayanika masokosi paja.

Ngati ndi ya mamita 120, ndi mphindi 11 zokha. Zili m'menemo ndikuzilota: mbendera zili petupetu, nyumba ya America ndi ya Soviet Union zitayandikana, chifanizo cha Sputnik, setilaiti ya Soviet Union ija, chili poonekera, wofotokoza akulalikira mtendere ngati mbusa. Anthu oposa 41 miliyoni anapitako pakati pa 17 Epulo ndi 19 Okutobala 1958, choncho khamu lojambula silinkasowa.

Koma ikasikanidwa uyang'anitsitse ngati muli mudzi uja wa anthu a ku Congo, amene anawaika kuseri kwa mpanda kuti alendo aziwaonerera akugwira ntchito zamanja. Chipongwe chitakula anachokapo chionetsero chisanathe. Mgwirizano wa maiko unkalalikidwawo unathera pampandapo, ndipo zaka ziwiri zokha pambuyo pake, pa 30 Juni 1960, Congo inalandira ufulu.

Kuno magetsi athimanso, ndikulemba ndi tochi ya foni. Malume ako akuti nsapato unatumiza zija n'zazing'ono. Wanunkhiza kale zitini zinazo? Ndikunena zoona, ununkhize chimodzichimodzi lero lomwe. Za Circarama ya Disney ija, kanema wa pa Expo yomweyo wa mapulojekita 11 ozungulira chipinda, ndimafuna ndikuuze mmene ankawayendetsera pamodzi, koma pepala landithera apa ndipo