Masabata 6 a apilo sadikira munthu

Akonzi,

Ngozi za minibasi ndi njinga zamoto za kabaza pa msewu wa M5 ndi wa M14 zasiya anthu ambiri a kuno ku Salima ali olumala. Tikufuna kuunikira amene mlandu wawo wa chipukuta misozi wafika ku khoti lalikulu ku Lilongwe, chifukwa ambiri akuluza ufulu wawo kaamba kochedwa basi.

Khoti likagamula kuti woyendetsa galimoto ndiye analakwa, Rejisitala, yemwe ndi mkulu wina wa pakhotipo, amawerengera ndalama zoti wovulala alandire. Amaona ululu umene munthu wamva, chilema chimene watsala nacho, ntchito imene sangagwirenso, komanso ndalama zimene anawononga kuchipatala ngati malisiti alipo. Amene sanakhutire, kaya ndi wovulala kaya kampani ya inshulansi, ali ndi masabata 6 oti apereke chidziwitso cha apilo yopita ku Supreme Court, khoti lalikulu kuposa onse. Chimene chimapweteka anthu n'chakuti masiku 42 amenewa amayamba tsiku la chigamulo cha ndalamazo, osati tsiku limene uthenga wafika kumudzi. Munthu wa kwa Khombedza amene foni yake inafa, loya wake ali ku Lilongwe, akhoza kumva nkhani nthawi itatha kale.

Wochedwa sikuti watsekeredwa khomo, koma ayenera kupempha khoti kuti limuwonjezere nthawi. Pachikalata cholumbira afotokoze zinthu ziwiri: chifukwa chomveka chimene anachedwera, ndiponso mfundo zoonetsa kuti apiloyo ili ndi mutu. Kungonena kuti ndalama zachepa sikokwanira. Aonetse pamene panalakwika, mwina Rejisitala sanawerengere malipiro otayika, kapena ananyalanyaza lipoti la dokotala lonena kukula kwa chilema. Ngati anagonekedwa m'chipatala, mapepala ake akhale pompo. Mwezi uliwonse umene wadutsa umafuna kufotokozedwa.

Choncho wovulala asiyire loya manambala awiri a foni, afunse tsiku la chigamulo, ndipo chikatuluka atenge kope lake sabata yomweyo. Wopanda ndalama za loya apite msanga ku Legal Aid Bureau, bungwe la boma lothandiza anthu osauka pa milandu.

Koma mbali imene imatiwawa kwambiri ndi ya olipira. Pali ena amene amakhala duu miyezi ndithu, n'kudzadzidzimuka ndi apilo atamva kuti asherifu akubwera kudzalanda katundu. Apilo payokha siyiimitsa kulipira. Pamafunika chilolezo chapadera cha khoti. Tikupempha oweruza kuti asamapereke chilolezo chimenechi mwachisawawa, ndipo akachipereka azilamula kuti gawo la ndalama limene palibe akulitsutsa liperekedwe kwa wovulala nthawi yomweyo. Kwacha inagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo amene ankadikira ndalama zawo pa nthawiyo anadzalandira zosakwanira kugula zimene khoti linkaganizira. Msodzi wa ku Senga Bay woduka mwendo akufuna ndodo zoyendera, mankhwala ndi fizi ya ana lero lino.

Owerenga okhudzidwa,
Salima