Mutiuzeko kumene mpira wa makoleji ukuonetsedwa, ndi amene akuulutsa

A Mkonzi,

Ndiloleni ndipemphe kangodya kakang'ono m'nyuzipepala yanu. Kuyambira kumapeto kwa Ogasiti mpaka mu Januwale, Lachisanu lililonse foni yanga imalira ndi funso limodzimodzi kuchokera kwa abale athu a kuno ku Indiana ndi ku Michigan: "Achimwene, wa mawa uja akuonetsa pati?" Amanena mpira wachimereka wa mayunivesite, uja wa anyamata ovala zisoti zolimba olimbirana chikopa chooneka ngati papaya. Ine ndimakhala ku South Bend, kwawo kwa yunivesite ya Notre Dame, ndiye anthu amangoti ameneyu adziwa. Nthawi zina ndimadziwadi. Nthawi zina nanenso ndimagwira rimoti n'kumazungulira m'matchanelo ngati nkhuku yosowa poikira, mpira utayamba kale.

Pempho langa n'loti Lachinayi lililonse muzitilembera masewero akuluakulu anayi kapena asanu a Loweruka, nthawi yake, tchanelo chake, ngati n'chaulere kapena cholipira, komanso mayina a anthu amene aulutse. Pa mayinapa ndi pamene ndikufuna kukhazikika, chifukwa ndikudziwa kuti malo akachepa ndi pamene lumo lanu lidzayambire kudula.

Nditangofika kuno mpira umenewu sunkandilowa m'mutu. Anthu agwetsana, wezulo yalira, onse aimirira kukanong'onezana, kenako pa kanema pabwera malonda a galimoto. Masewero a mphindi 60 n'kudya maola oposa atatu. Amene ananditsegula maso ndi agogo ena achizungu oyandikana nawo nyumba, opuma pantchito, amene ndinkawathandiza kusesa masamba nyengo yoyoyoka mitengo. Loweruka lina anandikhazika pampando, n'kuona kuti maso anga akungothamangitsa mpira osaupeza. Anandigwira paphewa n'kunena kuti, "Usavutike ndi mpirawo. Mvera munthu wachiwiriyo."

Oulutsa amakhala awiri. Woyamba amanena zimene zikuchitika: wagwira ndani, wagwetsedwa pati, kwatsala mayadi angati. Wachiwiri, amene kawirikawiri amakhala woti anasewerapo, amanena chifukwa chake zachitika choncho. Pansi m'mbali mwa bwalo mumakhalanso wachitatu, nthawi zambiri mayi, wofunsa makochi mafunso ndi kutiuza amene wavulala. Munthu wachiwiriyo ndiye mphunzitsi wanga. Ndi iye anandiphunzitsa kuti timu imapatsidwa mwayi kanayi kuti iyende mayadi 10, ndipo ikalephera mpira umapita kwa anzawo. Ndi iye anandionetsa kuti zimphona zisanu zakutsogolo, zimene sizikhudza n'komwe mpira kupatula wapakati uja, ndizo zimapambanitsa kapena kugonjetsa timu. Amaimitsa chithunzi, n'kuzunguliza mzere pa wosewera mmodzi amene iwe sunamuone n'komwe, n'kukuuza kuti taonani phazi la uyu, apa ndi pamene nkhani yonse yathera. Ife amene tinakula titazungulira kawailesi ka mabatire, Steve Liwewe Banda akuulutsa mpira wa Bullets ndi Wanderers, sitifunika kutiuza kuti woulutsa ndi ndani. Mpira tinkauonera m'makutu.

Ndiye mayina ali ndi ntchito. Mukalemba kuti Chris Fowler ndi Kirk Herbstreit, pansi pali Holly Rowe, munthu amadziwa kuti amenewo ndi masewero amene ESPN ndi ABC akuwaona kukhala aakulu kuposa onse sabata imeneyo. Mukalemba Gus Johnson ndi Joel Klatt, ndiye kuti ndi Fox, 12 koloko masana, ndipo amene ali ndi mwana wogona atsitsiretu voliyumu, poti Johnson akaona wosewera wapulumuka m'manja mwa adani amakuwa ngati nyumba yapsa. Ku NBC usiku kuli Noah Eagle ndi Todd Blackledge. Taonani kuti Herbstreit anali quarterback, wosewera amene amaponya mpira, wa Ohio State, Klatt wa Colorado, Blackledge wa Penn State imene inatenga chikho cha dziko lonse mu 1982. Mpando wachiwiri uja anaulanda ndi anthu amene ankaponya mpira, mwina chifukwa ndi amene anazolowera kuona bwalo lonse nthawi imodzi. Kwa munthu wongoyamba kumene ine ndimati ayambe ndi Klatt kapena Blackledge, amafotokoza mosathamanga.

Amene ndimamusowa ndi Verne Lundquist, amene anaulutsa masewero a ligi ya SEC pa CBS kuyambira 2000 mpaka 2016. Pa 30 Novembala 2013, Alabama ndi Auburn anali 28 kwa 28, kutatsala sekondi imodzi. Alabama inayesa kumenyera mpira pagolo kuchokera patali, mpira n'kuperewera, Chris Davis wa Auburn n'kuuwakha kumapeto kwenikweni kwa bwalo, n'kuthamanga nawo mayadi 109 mpaka kutsidya. Auburn 34, Alabama 28. Lundquist atanena zimene zachitika anatseka pakamwa kwa kanthawi ndithu, kutisiya timve tokha phokoso la anthu akukhamukira m'bwalo. Oulutsa ambiri a masiku ano chete amamuopa ngati ngongole.

Za kukondera ndimazimva chaka chilichonse. Gary Danielson, amene ankaulutsa limodzi ndi Lundquist pa CBS, ankanenedwa kwa zaka zambiri kuti mtima wake uli ku Alabama. Herbstreit naye anagwetsa misozi pa kanema Ohio State itagonjetsa Notre Dame 34 kwa 23 pa ndime yomaliza ku Atlanta, pa 20 Januwale 2025, ndipo kuno ku South Bend anthu sanasangalale nazo. Ine sindinaone cholakwa. Munthu aliyense ali ndi kwawo, ndipo misoziyo inabwera mpira utatha. Chimene chimandinyansa ine ndi woulutsa amene wasiya mpira uli m'kati n'kuyamba kutsatsa pulogalamu ya mawa, kapena kutiuza za kubetcha, ana ali pomwepo.

Nanga zinatani kuti mpira umodzi umwazikane chonchi? Kale bungwe la NCAA, loyang'anira masewero a m'mayunivesite, ndilo linkagulitsa masewero onse ku makampani a kanema, n'kumaika malire a maulendo amene timu imodzi ingaonekere pa chaka. Mayunivesite a Oklahoma ndi Georgia anakasuma, ndipo mu 1984 khothi lalikulu kwambiri la dziko lino linagamula kuti dongosolo limenelo likuphwanya malamulo a mpikisano pa malonda. Kuyambira pamenepo aliyense anayamba kudzigulitsira wake. Notre Dame inatengana ndi NBC mu 1991 ndipo mpaka lero masewero ake apakhomo ali kumeneko. Ligi ya Big Ten inagawa masewero ake kwa Fox, CBS ndi NBC pa mgwirizano wa zaka 7 umene unayamba mu 2023, wa ndalama zoposa madola 7 biliyoni. SEC, imene inakhala pa CBS kuyambira 1996, inasamukira ku ABC ndi ESPN mu 2024. Amene anazolowera kuti 3:30 masana pa CBS apezapo Alabama kapena Georgia anadzidzimuka atapezapo matimu ena. Ndalama zomwezo zinasokoneza mapu. Big Ten, dzina likunena khumi, ili ndi matimu 18, kuphatikizapo USC ndi UCLA a ku Los Angeles. Stanford ndi California, amene ali m'mphepete mwa nyanja ya Pacific, akusewera mu ligi yotchedwa ndi dzina la gombe la Atlantic.

Ngakhale mpikisano womaliza, umene unakula kufika pa matimu 12 mu 2024, suli pakhomo limodzi. Mu Disembala chaka chimenecho Notre Dame inagonjetsa Indiana 27 kwa 17 Lachisanu usiku pa ABC ndi ESPN, kutacha masewero a Penn State ndi a Texas anali pa TNT. Tsiku limene Lee Corso, wa pa kanema amene ankalosera wopambana povala chimutu cha chidole cha timu, ankatsanzika, pa 30 Ogasiti 2025, ali ndi zaka 90, atavala komaliza chimutu cha chidole cha Ohio State monga anayambira mwambowo mu 1996, kutsanzikako kunali pa pulogalamu ya College GameDay ya ESPN, koma mpira weniweniwo wa Ohio State ndi Texas unali wa Fox. Munthu wosatsatira bwino angadziwe bwanji zimenezi popanda womuuza?

Nthawi yoyambira nayonso amasankha ndi a kanema. Masewero ambiri nthawi yake imalengezedwa kutatsala masiku 12, ena masiku 6 okha. Kwa ife ogwira ntchito ya mashifiti m'nyumba zosamalira okalamba ndi m'mafakitale, amene timapempha tchuthi kudakali milungu ingapo, imeneyi si nkhani yaing'ono. Kuyambira 2019 Fox imaika masewero ake aakulu 12 koloko masana, ndipo ochemerera ambiri sakondwa nazo. Mu Novembala 2024 a ku Penn State anadandaula kwambiri Ohio State itawayendera dzuwa lili paliwombo, pamene iwo mlendo wamkulu chotere amafuna kumulandira usiku, bwalo lonse litavala zoyera. Koma mayunivesite ndi amene anasainira mabiliyoni aja. Walira mvula walira matope.

Ndinaziona ndi maso tsiku limene mnzanga wa kuntchito anandipatsa tikiti yolowera m'bwalo la Notre Dame. Choyamba, ndinachita manyazi ndekha: ndinakhala ndikufunafuna pa kapinga mzere wachikasu uja umene umaoneka pa kanema kusonyeza pamene timu ikuyenera kufika, osadziwa kuti amachita kuujambula ndi kompyuta. Chachiwiri, ndinaona bambo wina wovala chipewa chofiira atalowa m'bwalo n'kungoima. Osewera aima, oyimbira aima, anthu oposa 77,000 tili duu m'chisanu. Nditafunsa, anandiuza kuti ameneyo ndi wa kanema, ndipo mpira suyambanso mpaka malonda athe iye achoke. Apo ndi pamene ndinadziwira mwini wake weniweni wa Loweruka.

Tsono pa nkhani ya thumba. Zaka zitatu zotsatizana, kuyambira 2023 mpaka 2025, kampani ya Disney, imene ndi mwini wa ESPN ndi ABC, inasemphana pa mitengo ndi makampani ofikitsa matchanelo m'makomo, ndipo ulendo uliwonse zachitika m'nyengo ya mpira. Pa 31 Ogasiti 2023 makasitomala a Spectrum matchanelowo anawazimira mpira wa Florida ndi Utah utatsala pang'ono kuyamba. Pa 1 Seputembala 2024 zinagwera a DirecTV, tsiku la USC ndi LSU. Mu 2025 a YouTube TV anakhala opanda ESPN ndi ABC kuyambira kumapeto kwa Okutobala mpaka pakati pa Novembala. Mitengo nayo si yocheza: mu 2025 YouTube TV inali madola 82.99 pamwezi, ESPN ya pa intaneti 29.99, Peacock ya NBC, nayonso ya pa intaneti, 10.99. Peacock ndaitchula chifukwa masewero ena amaikidwa kumeneko kokha, monga zinayambira ndi Notre Dame ndi Toledo mu 2021. Munthu amene mwezi ukatha amatumiza ya fizi ndi ya feteleza kumudzi sangalipire zonsezi chifukwa cha mpira.

N'chifukwa chake ndikuti muzilembanso chaulere ndi cholipira. Abale athu ambiri sadziwa kuti ABC, CBS, NBC ndi Fox zimagwidwa ndi kaeriyo wamba kogula kamodzi kokha, kopachika pawindo, popanda bilu ya pamwezi, ndipo masewero aakulu ambiri a Loweruka amakhala pa zinayi zimenezi. Ndapachikira mabanja angapo, ndipo aliyense amayamba wakayika, kuganiza kuti mwina n'zakuba. Wailesinso ilipo. Tsiku lina mpira unali wa pa intaneti pokha, ndipo agogo anga aja, amene za mapasiwedi alibe nazo ntchito, anatulutsa wailesi yakale m'galaja. Tinakhala pa mipando yopinda, khofi m'manja, woulutsa wa timu yathu akukondera poyera popanda womuletsa. Ndinakumbuka khonde la kwathu ku Ntcheu.

Ena anena kuti si mpira wathu, malo amenewo mulembepo za Flames. Za Flames muzilemba, ndimaziwerenga zisanazizire. Koma ana athu obadwira kuno akuphunzira m'mayunivesite omwewa, ena akuimba m'mabandi a pabwalo, ndipo Lolemba kuntchito nkhani imakhala imeneyi. Amene sanaonere amangomwa tiyi wake pakona. Ngati malo alipo muikeponso nthawi ya kumudzi, poti alipo achibale amene amafuna kutsatira sukulu imene mwana wawo akuphunzira: 12 koloko masana ya kuno ndi 6 koloko madzulo ku Malawi, ndipo mawotchi a kuno akabwezedwa kumayambiriro kwa Novembala imakhala 7 koloko.

Ngati mulibe woti azisonkhanitsa zimenezi, ndizikutumizirani ndine Lachitatu usiku ndikaweruka. Agogo aja avomera kuti aziyamba aona ndisanatumize, poti dzina la Herbstreit ndalilakwitsapo kale kawiri pa gulu lathu la WhatsApp.

Ine wanu,
Wowerenga wa ku South Bend, Indiana